Novela Imene Tinaiyamba Awiri

Chaka chimene mwana wanga wamkazi anakwatiwa n'kupita ku Nampula, m'nyumba munatsala ine ndi makina osokera basi. Bambo ake anali atamwalira zaka zitatu m'mbuyomo. Mlongo wake anali atapita kale kumwera kukafuna ntchito, ndipo ankaimba foni mwa apo ndi apo, mwezi wina osaimba n'komwe. Nyumba yanga ili kumapeto kwa Insaca, kumene msewu umayamba kuchepa n'kusanduka njira ya njinga. Ndimasokera pakhonde: mabulauzi a kapulana, chitenje cha kuno, unifolome za ana asukulu, zigamba pa mathalauza ong'ambika. M'mawa anthu amabwera, kuyezetsa, kucheza pang'ono, n'kumapita. Koma dzuwa likangopendeka, pakhonde pamati zii. Nthawi imeneyo ndi imene inkandilemera. Ndinkatha kukhala kuyambira masana mpaka tsiku kutha osatsegula pakamwa, kupatula pokalipira nkhuku.

Mwana wangayo anazidziwa, ngakhale sindinamuuze. Tsiku lina woyendetsa shapa, minibasi yochokera ku Cuamba, anaima pamsewu n'kunditsitsira katoni. Munali kanema wamng'ono, televizawu monga timanenera kuno, rimoti yake, ndi kafulashi kokulungidwa m'pepala. Posakhalitsa foni inalira.

"Amayi, mwalandira? M'kafulashimo ndakuikirani novela yathunthu, sewero la Chipwitikizi la magawo ambirimbiri. Mukalowetse kumbuyo kwa kanemayo, kenaka mudine batani lapakati."

"Iwe, Chipwitikizi changa ukuchidziwa. Ndimvamo chiyani ine?"

"Ingoyambani kaye. Mudzandiuza nokha."

Sukulu yanga yochepayo ndinaphunzira ku Malawi, kumene makolo anathawira nkhondo ndili wamng'ono. Pamene tinkabwerera ndinali nditakula kale, wosayeneranso kukhala pabenchi limodzi ndi tiana. Chipwitikizi chimene ndili nacho ndi chakumsika ndi chakuchipatala: kupereka moni, kufunsa, kukana. Choncho kanemayo anakhala patebulo masiku asanu nditamufunditsa nsalu.

Tsiku lachisanu ndi chimodzi mvula inayamba masana ndipo sikunabwere munthu. Ndinalowetsa makina m'nyumba kuopa mphepo yamvula, ndipo ndinati ndingodina ndione ngati chinthucho chikugwira ntchito.

Novelayo sinayambe ndi moni. Chithunzi chitangowala, ndinaona mayi wovala diresi yobiriwira akutsika masitepe chothamanga, phazi limodzi lili ndi nsapato, linalo lopanda. Kumbuyo kwake utsi uli tolo. Pansi pa masitepewo panali chikhamu cha anthu otchena, matambula m'manja, ena akuseka osadziwa kuti pamwamba pakupsa. Ndisanamvetse n'komwe, anandionetsa bambo wandevu ali m'galimoto, akumenya chiwongolero ndi zibakera, kumpando wakumbuyo kuli kamtsikana kakulira. Kenaka nkhalamba ili pabedi ikung'amba pepala ndi mano. Mbale zikusweka, galu akuuwa, foni ikulira patebulo popanda woiyankha. Wina anagwera m'dziwe losambiramo ndi suti yake yomwe. Apolisi anafika, koma m'malo mogwira munthu, mkulu wawo anathamangira kukakumbatira mayi wa nsapato imodzi uja, mayiyo n'kumuwomba mbama.

Ndinapezeka nditaima pakati pa chipinda, sizasi ili m'manja, kukamwa kuli yasa. Apo ndi pamene ndinamva mawu kumbuyo kwanga.

"Iii, kamwanako n'ka ndani?"

Pakhomo panaima mayi wina wachikulire pang'ono kuposa ine, mpango wake utanyowa, thalauza lili pamkono. Ndinkawadziwa nkhope chabe. Kuseri kwa nyumba yanga kuli kanyumba ka chipinda chimodzi, ndipo iwo anali atalowamo sabata ziwiri zapitazo ndi amuna awo. Anachokera kumudzi wina wa m'mbali mwa nyanja ya Chiuta. Amuna awowo ankadwala chifuwa chachikulu, ndipo kuchipatala anawauza kuti miyezi yoyamba azimwera mankhwala pamaso pa anamwino m'mawa uliwonse. Tinkakumana pamjigo n'kupatsana moni, osapitirira apo. Anali Asilamu. Ndi amuna awo ankalankhula Chiyao, ndi ife Chinyanja.

"Sindikudziwa," ndinayankha. "Lowani, mukunyowa."

Analowa, koma sanakhale pampando umene ndinawapatsa. Anaima pambali panga mpaka gawo lonselo linatha. Linathera pamene mayi uja anatsegula chitseko china n'kukuwa, ife osationetsa chimene waona. Nyimbo inalira, malemba n'kuyamba kukwera.

"Yatha?" anafunsa. "Angathe bwanji pamenepo? Bwezani."

Ndinavutika ndi rimoti mpaka ndinabweza. Tinaonera gawo lomwelo katatu. Titamaliza kachitatu ndi pamene anakumbukira thalauza lija. Linali la amuna awo, ndipo ankafuna ndilichepetse m'chiuno chifukwa linkangovuka lokha. Atalitambasula n'kundionetsa ndi zala malo oti ndibweze, ndinaona mmene bamboyo anathera thupi. Ndinangolemba ndi choko.

Mawa lake anabwera kudzatenga thalauzalo nthawi yomweyo, amuna awo atagona. Sanachite kupempha, ndipo ine sindinachite kuwaitana. Ndinangovundukula kanema, iwo n'kukhala pamkeka kumanzere kwanga. Kuyambira tsiku limenelo ndinayamba kuwatchula achemwali, iwonso chimodzimodzi.

Mayina a anthu a mu novelayo ankatipinda lilime, choncho tinawapatsa athu: wa nsapato imodzi, wandevu, nkhalamba ya pepala, wogwa m'madzi. Ine ndinkatola liwu limodzi pa mawu khumi n'kumawamasulira. Iwo sankamva ndi limodzi lomwe, koma ankaona zimene ine sindinkaona.

"Taonani mmene wagwirira kapu. Ameneyo akunama."

Tinagawikana tsiku loyamba lomwelo. Ine ndinali kumbali ya mayi wa nsapato imodzi. Ndinkati munthu wothawa moto wopanda nsapato ndi wolakwiridwa, ndipo wandevuyo waba mwana. Achemwali ankakana.

"Wakuba mwana samenya chiwongolero. Amayendetsa mwakachetechete. Uyu akumupulumutsa."

"Nanga mwanayo akuliriranji?"

"Inu simunalirepo wina akukupulumutsani?"

Ndakhala ndikuganizira chimene chinatigwira tsiku lija, chifukwa kunena zoona sitinamve nkhani iliyonse. Akanayamba ndi mayi akusesa pabwalo, kuphika tiyi, kutiuza kuti uyu ndi mwana wa uje, ndikanathimitsa. Zosesa ndi zophika ndili nazo zanga. Koma iwo anatiponya pakati pa chipwirikiti, monga mlendo amene wafika pakhomo n'kupeza eni nyumba akumenyana, palibe womulandira katundu, palibe womupatsa mpando. Mlendo wotere sachoka. Amaima pomwepo, maso uku ndi uku, kufuna kudziwa kuti yayamba bwanji. Achemwali ankanena mwachidule kuti palibe munthu amadutsa pa ndewu khosi lili chilili. Ndiye china n'chakuti usanadziwe wolakwa, mtima umakhala utasankha kale mbali. Ukasankha mbali, mawa uyenera kubwera kuti udzaone ngati unalondola. Nditamufotokozera mwana wanga pafoni anaseka kwambiri, nati amachitira dala, gawo loyamba amathiramo zonse kuti munthu asathawe. Ndinati ngati ndi msampha, wagwira awiri.

Magawo otsatira sanali otero. Moto unazima, apolisi anapita, ndipo anthu aja anayamba kukhala m'mipando n'kumalankhula. Ankalankhula nthawi yaitali, wina kuyang'ana pawindo, wina kulira pang'onopang'ono. Panali masiku amene sipankachitika kanthu kooneka ndi maso. Koma tinkaonerabe, chifukwa chitseko chija chinali chisanatsegulidwe kwa ife, ndipo kamtsikana kaja tinali tisanadziwe mwini wake.

M'magawo ozizirawo ndi mmene tinayamba kucheza zathu. Anthu a mu kanema akalankhula, ifenso tinkalankhula. Ndinamva kuti achemwali anabereka ana asanu ndi awiri, amoyo ndi anayi. Ndinamva kuti bwato la amuna awo lili pamtunda, likung'aluka ndi dzuwa, ndipo nkhawa yawo inali yoti mwina mwini wake sadzalikankhiranso m'madzi. Ankati ku Insaca tulo sabwera bwino chifukwa kulibe fungo la nsomba. Ine ndinawauza za bambo a ana anga, mmene anadwalira sabata imodzi yokha, ndi mmene ndinapitirizira kuwasungira madzi osamba masiku angapo maliro atatha, manja akungochita okha. Zimenezi ndinali ndisanauzepo munthu, ngakhale mwana wanga. Zinali zosavuta kunena chifukwa tonse maso anali pa kanema, osayang'anana.

Kumzikiti kukamveka kuitana kwa swala yamadzulo, ankadzuka ngakhale gawo lisanathe. Ine ndinkadina batani loimitsa, anthu aja n'kuuma pomwepo, wina kukamwa kuli kotsegula, mpaka achemwali abwere. Tinapangana kuti gawo limodzi pa tsiku, ndipo wina asaonere mnzake palibe. Kunena zoona, lamulolo linali la ine ndekha, poti kanema anali m'nyumba mwanga.

Ndinaliswa kamodzi. Tsiku limenelo amuna awo anasanza mankhwala ndipo achemwali anabwerera nawo kuchipatala. Ndinadikira mpaka dzuwa linafika pamtengo wa mango, osabwera. Dzulo lake gawo linali litathera pamene wandevu anaima pakhomo la nkhalamba ija atanyamula chitsulo. Ndinasoka kolala imodzi, kuisula, kuisokanso. Kenaka ndinatseka chitseko ngati wakuba n'kudina. Ndinaona zonse, koma sizinakome. Pamene chitsulo chinagwa, ndinati "Mayo!" ndipo mawu angawo anangomveka okha m'chipindamo, ndinachita nawo manyazi.

Mawa lake anabwera, nkhope yotopa, nati bambo apezako bwino. Ndinayatsa gawo lomwelo ngati sindikudziwa kanthu. Chitsulo chitagwa, iwo anadzidzimuka mpaka kugwira mwendo wanga. Kenaka ananditembenukira.

"Achemwali, inu mwaonera kale."

"Ayi, ine?"

"Simunadzidzimuke. Inu mumadzidzimuka ngakhale chitseko chikangolira."

Ndinavomera. Sanakalipe. Anangoti, "Ine dzulo ndinali pabenchi kuchipatala, ndikuganiza kuti mnzanga akundidikira." Mawu amenewo anandipweteka kuposa kukalipa. Sindinabwerezenso.

Miyezi iwiri itakwana, amuna awo anayamba kutuluka panja okha, kukhala padzuwa, mpaka kufika pamsewu. Anamwino anati tsopano angathe kumatenga mankhwala a mwezi wathunthu n'kumakamwera kwawo. Achemwali anabwera kudzandiuza m'mawa, nthawi imene sankabwera, nkhope ikuwala. Ndinakondwa nawo, ndipo kukondwako kunali koona. Koma atatembenuka ndinakhala pamakina osaponda, nsalu ili pansi pa singano. Novela yathu inali isanafike n'pakati pomwe.

Ndinati tionere magawo ambiri masiku awiri otsalawo, mwina tingayandikire kumapeto. Anakana. Anali ndi zochapa, zomanga, ndi anthu oti akawatsanzike. Tsiku lonyamuka ndinawaperekeza pamsewu nditasenza mtolo wawo umodzi. Foni analibe. Shapa itafika, anakweza amuna awo kutsogolo, iwo n'kudzipanikiza kumbuyo pakati pa matumba. Anatulutsa mutu pawindo.

"Mudzandiuze za kamwana kaja."

"Ndidzabwera," ndinatero.

Sabata zitatu sindinayatse kanema. Nthawi ija ikakwana ndinkapezeka ndayala mkeka, kenaka n'kuupindanso. Kanyumba kakuseri anakatseka ndi loko. Pambuyo pake ndinayambiranso, poti nanga ndikanatani, ndipo popanda wondiletsa ndinkaonera magawo atatu, anayi, tsiku limodzi, ndikusoka, theka la maso pa nsalu. Mawu amene sindinkamva anachuluka, chifukwa panalibenso wondiuza kuti uyu akunama. Nditafika kumapeto zinaoneka kuti moto uja anayatsa ndi mayi wa nsapato imodzi yemweyo, pofuna kuwotcha mapepala a chuma cha nkhalamba ija. Kamtsikana kanali ka wandevu, ndipo usiku wa motowo ankakathawitsa. Ndinati, "Munalondola, achemwali," kenaka ndinadzuka kukatsekera nkhuku.

Mwana wanga anatumiza kafulashi kena, muli manovela angapo. Onse ankayamba chimodzimodzi, ndi phokoso: ukwati wosokonekera, galimoto yogubuduzika, munthu akuthamanga m'chimanga wina akumuthamangitsa. Msampha uja unkagwirabe ndithu. Koma pakachitika chodzidzimutsa ndinkatembenukira kumanzere, n'kupeza khoma. Ambiri ndinkaonera gawo loyamba ndi lachiwiri, lachitatu n'kusiya. Ndinazindikira kuti chipwirikiti chimakukoka kuti ukhale pansi, koma kuti ufike nacho kutali pamafunika wina wokangana naye.

Chilimwe chitafika, misewu itauma, ndinasokera achemwali bulauzi ya kapulana yabuluu, ya manja aatali monga ankavalira, poyerekeza thupi lawo ndi maso a pamtima. Ndinatseka nyumba m'mamawa, kukwera shapa mpaka ku Chiuta, kenaka njinga yamoto imene timati mota, kenaka wapansi, ndikufunsa njira potchula matenda a amuna awo poti ndi chimene anthu ankawadziwira. Njira yonse ndinkakonza mmene ndikafotokozere: ndiyambe ndi pepala, za moto ndizisunge kumapeto, ndiwavutitse pang'ono asanadziwe kuti anapambana.

Ndinafika dzuwa lili pamutu. Amuna awo ndinawapeza pamthunzi akusoka ukonde, thupi litabwerera, moti ndikanakumana nawo panjira sindikanawazindikira. Anandilandira mwaulemu, kundipatsa mpando ndi madzi.

"Mwaphonyana nawo, mayi. Anawoloka dzana kupita tsidya la ku Malawi. Mwana wathu wachira kumeneko, wabereka wamwamuna. Akhalako mwina mwezi."

Ndinati zikomo, ndi nkhani yabwino. Ndinayang'ana kunyanja, kumene kunali mabango ndi mabwato awiri atatu, tsidya lake likuoneka pafupi ngati munthu angathe kukuwa n'kumveka. Bamboyo sanali wolankhula zambiri. Tinafunsana za mvula ndi za mankhwala. Kenaka anaitana mayi wina amene ankadutsa, namuuza m'Chiyao kuti andiperekeze kumathandala, kumene amayi ankayanika nsomba, kuti ndisangokhala.

Kumathandalako kunali amayi asanu kapena asanu ndi mmodzi, akutembenuza tinsomba. Wondiperekezayo atanena kuti ndachokera ku Insaca, mmodzi anaimika manja.

"Ndinu amayi a makina? A kanema aja?"

Ndinadabwa. Onse anasiya ntchito n'kundizungulira. Ankamudziwa wa nsapato imodzi. Ankamudziwa wandevu, nkhalamba ya pepala, ngakhale wogwa m'madzi ndi suti. Achemwali anali atawafotokozera novela yonse pamathandala pomwepo, pang'onopang'ono, masiku ambiri, ndipo ankati akafika pokoma ankasiya dala n'kunena kuti zina mawa.

"Tsiku loyamba sitinagwire ntchito," anatero mayi wina wa mano otalikirana. "Moto uwu, mwana uyu, mbama iyi. Tinati mayi inu, tiuzeni bwinobwino, iwo akuti ayi, nanenso anandionetsa choncho."

"Nanga anakuuzani kuti inatha bwanji?" ndinafunsa.

Anandiuza, akulandizana mawu. Wandevu ndi wa nsapato imodzi anali pachibale, mimba imodzi, koma anasiyanitsidwa ali ana. Kamtsikana kanali ka mayiyo, ndipo mlongo wakeyo anakapulumutsa osadziwa kuti ndi mwana wa mlongo wake. Moto unayamba wokha kukhitchini. Pomaliza anazindikirana ndi chipsera cha pamkono, nkhalamba inapempha chikhululuko isanamwalire, ndipo onse anasiya nyumba yamasitepe ija n'kubwerera kumudzi kwawo.

"Si choncho?" anafunsa wa mano otalikirana uja.

Ndinali nditasenza mathero enieni kuchokera ku Insaca, nditawakonza bwino. Ndinayang'ana nkhope zawo. M'nkhani ya achemwali munalibe wolakwa, ndipo mayi amene ine ndinkamuikira kumbuyo anali atamusiya woyera.

"Anakuuzani bwino," ndinatero. "Iwo ndi amene anali ndi maso."

Anakondwa, nabwerera ku nsomba zawo, ndipo posakhalitsa anayamba kulankhula Chiyao, za zina. Ndinaima nawo kanthawi ndikuthandiza kutembenuza, koma manja anga sanazolowere, ndinkangoswa tinsombato. Ndinabwerera kwa bambo aja, kuwasiyira bulauzi, ndi uthenga woti mnzawo wa ku Insaca anabwera. Anandimangira milamba yowamba m'pepala la simenti, nakana kuti ndichoke chimanjamanja. Ndinayenda wapansi mpaka pamene mota inandipeza, ndipo ndinafika kunyumba dzuwa lisanalowe.

Patapita miyezi, mayi wina wogulitsa nsomba mumsika anandiuza kuti bulauziyo inafika kwa achemwali, inawakwana, ndipo anaivala pa tsiku la Idi. Anati akupereka moni, adzabwera mvula ikatha. Mvula inatha, inabweranso ina. Mankhwala a amuna awo anatha kalekale, ndipo palibe chowabweretsa ku Insaca. Inenso sindinapiteko kachiwiri. Ndimati ndipita ndikamaliza unifolome za chaka chino, kenaka zimabwera za chaka china.

M'kanyumba kakuseri tsopano mukukhala mtsikana wogwira ntchito kuchipatala, wochokera ku Lichinga. Ndi waulemu, amapereka moni m'mawa akamapita. Tsiku lina ndinamuitana kuti adzaone gawo loyamba la novela yatsopano. Anakhala pampando, naonera mpaka pakati, foni ili m'manja, kenaka anati iyi anaionera kale ali kusukulu, ndipo wopha munthuyo ndi dokotala. Anapepesa kuti watopa, n'kupita kukagona.